Kodi Bwalo la Milandu Lingamange Mtima wa Munthu?

Mwezi uno tiyeni tilingalire mlandu umene unacitika kutali, ku dziko la India, pakuti funso lace lifika ndi pa makomo athu omwe.

M'cigawo ca Kerala munali namwali wobadwa mwa Ahindu, amene anapita ku mudzi wa Salem kukaphunzira za mankhwala. Ali komweko anatembenuka nalowa Cisilamu, natenga dzina latsopano la Hadiya. Ndipo m'mwezi wa Disembala 2016 anakwatiwa ndi mnyamata Msilamu. Atate wace anasauka mtima kwambiri, nakadandaula ku bwalo kuti mwana wao wanyengedwa. Mu Meyi 2017 bwalo lalikuru la Kerala linathetsa ukwatiwo, ndi kumpereka mkaziyo m'manja mwa akumbala, angakhale anali wa zaka 24. Anakhala m'nyumba ya atate wace miyezi 6, apolisi alikulonda pakhomo.

Koma mwamuna wace anatengera mlanduwo ku bwalo loposa onse, la ku Delhi. Oweruza anaitana mkaziyo mu Novembala 2017 kuti amve mau ace, ndipo iye anapempha ufulu wace. Pa 8 Malichi 2018 anabwezera ukwati, nati kusankha cipembedzo ndi kusankha wokwatirana naye ziri m'kati mwa ufulu umene malamulo akuru a India, a caka ca 1950, apatsa munthu ali yense wamkuru msinkhu.

Tsono tinene ciani ife? Tisafulumire kutsutsa atate aja. Ndani mwa ife amene analera mwana ndi thukuta, sadzamva cisoni pomuona alikusiya njira ya pa mtundu pace? Ndiponso cinyengo ciripodi pansi pano. Alipo anthu okopa ana a eni ndi mau okoma ndi cuma. Ngati munthu wagwidwa ndi mphamvu kapena waopsedwa, bwalo liyenera kumlanditsa.

Koma pamene munthu wamkuru aimirira pamaso pa oweruza, nanena ndi pakamwa pace kuti palibe anamkakamiza, bwalo litsala ndi nchito yanji? Likhoza kutseka citseko, koma silikhoza kucotsa cikhulupiriro mumtima. Wobwezedwa kwao ndi apolisi wabwera ndi thupi lokha. Ndipo kupembedza kumene munthu acita cifukwa ca mantha sikukondweretsa Mulungu, kapena kutonthoza atate amene.

Wina adzati, Nanga akasankha moipa? Indedi akhoza kusankha moipa, monga ife tonse tinalakwapo posankha. Koma tikati munthu akhale mfulu pokhapo asankha cimene ife tifuna, pamenepo sitinampatse ufulu, tangotalikitsa cingwe cace.

Pano pali mau otilasa ife eni. Makolo athu ambiri analowa mu Eklesia abale ao alikukana, ena nanyozedwa pamudzi. Ndipo tiwatama kuti analimba mtima. Mlandu wa Hadiya ukadakhala wa namwali wolowa Cikristu, bwenzi tonse titapfuula kuti, Mlekeni, wasankha yekha! Kodi muyeso umenewo tiubisa pamene mwana aturuka pakhomo pathu kunka kwina? Akale anati, caona mnzako capita, mawa ciri pa iwe. Lamulo limene tilisula lero kuti limange wa cipembedzo cina, mawa lidzamanga mbale wathu kumene Akristu ali owerengeka.

Cifukwa cace, inu atate ndi amai, ankhoswe ndi akuru a mpingo, nchito yanu ndiyo kuphunzitsa mwana akali wamng'ono, kumcenjeza poyera asanalowe m'banja la zipembedzo ziwiri za mabvuto amene adzakomana nao, makamaka pa kulera ana, ndi kumpempherera kosaleka. Akakana uphungu wanu, lirani, koma musatseke khomo. Mwana amene anacoka atate ace akali kumkonda adziwa njira yobwerera kwao. Koma amene anamkokera ku bwalo ndi zingwe, angakhale agone m'nyumba mwanu, mtima wace uli kutali.