Zakaat Ndi Mboni ya Chuma Chathu Chonse

Zakaat ya ndalama ndi katundu wa malonda ndi gawo limodzi mwa magawo 40, ndiko kuti 2,5 pa 100 alionse, chuma chikakwana nisaab ndi kutha chaka chathunthu. Choncho wodziwa choperekacho angathe kudziwa chuma chonse pochulukitsa ndi 40. Tikapereka mametikali 15.000, tachitira umboni kuti tili ndi 600.000. Momwemonso mlimi wodalira mvula, amene amatulutsa gawo limodzi mwa 10, akapereka matumba 3 wanena kuti wakolola 30.

Nanga amene ali ndi 1.000.000 napereka 15.000, kodi wangochepetsa mphatso? Ayi ndithu. Chopereka chake chanena bodza, chabisa 400.000. Ndipo 10.000 amene watsala nawo m'thumba si ake, ndi a osauka ndi olemedwa ndi ngongole.

Anthu amayeza chuma chathu poona chimene tatulutsa, n'chifukwa chake tingathe kuwanamiza. Allah amachidziwa chonsecho tisanatambasule dzanja. Tisanapereke, tiwerenge za m'sitolo, za ku banki ndi za pa M-Pesa, osasiyako kanthu. Allah atiyeretsere chuma chathu ndi mitima yathu. Aamiin.