Roger Williams, Mlaliki Amene Anakana Kulambira Koumiriza

KODI boma lingalamule munthu kukhulupirira Mulungu? Kodi chindapusa, ndende kapena mkwapulo zingatembenuze mtima? Lerolino ambiri angayankhe kuti iyayi. Koma m'zaka za zana la 17, mafumu ndi atsogoleri achipembedzo ochuluka a ku Ulaya anali otsimikiza kuti dziko silingakhale pamtendere ngati nzika zake zilambira mosiyana. Mmodzi wa oŵerengeka amene anatsutsa lingaliro limeneli anali Roger Williams, mlaliki wa ku England amene anathera mbali yaikulu ya moyo wake ku America. Iye anakana kulambira koumiriza chifukwa chakuti anaona chikhulupiriro kukhala chopatulika kwambiri kwakuti sichikanayenera kuikidwa m'manja mwa oweruza milandu.

Anathaŵa Chizunzo, Napezanso China

Williams anabadwira ku London cha mu 1603, ndipo anaphunzira pa yunivesite ya Cambridge. Iye anagwirizana ndi a Puritan, kagulu kamene kanafuna kuchotsa m'Tchalitchi cha England miyambo imene inalibe maziko m'Malemba. Pamene Mfumu Charles I ndi mabishopu anayamba kuwapanikiza, zikwi za a Puritan zinaoloka nyanja ya Atlantic. Williams ndi mkazi wake Mary anafika ku Boston, m'dera la Massachusetts, mu February 1631.

Komabe, posapita nthaŵi iye anaona kuti ufulu umene a Puritan anaufuna unali wa iwo okha. M'chaka chomwecho anakhazikitsa lamulo lakuti amuna amene anali mamembala a tchalitchi ndiwo okha ayenera kusankha olamulira. Pambuyo pake kufika pamapemphero kunakhalanso lamulo kwa aliyense. Amene anathaŵa chizunzo anali kukonza kale njira ya kuzunzira ena.

Akumalalikira ku Plymouth ndi ku Salem, Williams anaphunzitsa zinthu zitatu zimene zinakwiyitsa olamulirawo. Choyamba, iye anati woweruza angalange mbala, wambanda ndi aliyense wolakwira mnansi wake, koma alibe ulamuliro pankhani za pakati pa munthu ndi Mulungu, monga kulambira ndi kusunga Sabata. Chachiŵiri, anati kuumiriza munthu wosakhulupirira kulumbira m'dzina la Mulungu ndiko kumchititsa kutchula dzinalo pachabe. Chachitatu, anati mfumu ya England inalibe kuyenera kwa kugaŵa malo a Aindiya a ku America, popeza kuti malowo anali ndi eni ake ndipo anafunikira kugulidwa.

Mu October 1635, Khoti Lalikulu la Massachusetts linalamula kuti iye apitikitsidwe. Mu January 1636, atamva kuti afuna kumkweza chombo kumbwezera ku England, Williams anathaŵira kunkhalango mkati mwa nyengo yachisanu. Kwa milungu ngati 14 anasungidwa ndi Aindiya, amene anali ataphunzira chinenero chawo. Ndiyeno anapeza malo kwa Canonicus ndi Miantonomi, mafumu a fuko la Narragansett, namanga mudzi umene anautcha Providence pokumbukira chisamaliro cha Mulungu m'nsautso yake. Okhala m'mudzimo anapangana kuti adzamvera boma lawo pankhani za dziko zokha.

Kodi Malemba Anamphunzitsanji?

Mu 1644, ali ku London kukapempha chilolezo cha dera latsopanolo, limene linadzatchedwa Rhode Island, Williams anafalitsa buku lakuti The Bloudy Tenent of Persecution, lotsutsa chiphunzitso cha kuzunza anthu kaamba ka chikumbumtima. Nyumba ya Malamulo ya England inalamula kuti litenthedwe. M'bukulo iye anali kuyankha John Cotton, mtsogoleri wachipembedzo wotchuka wa ku Boston, ndipo mbali yaikulu ya mkanganowo inali pa fanizo la Yesu la tirigu ndi namsongole.

M'fanizolo, akapolo anafuna kuzula namsongole mwamsanga, koma mwini munda anawaletsa, kuwopera kuti angazule pamodzi ndi tirigu. Williams anasonyeza kuti Yesu mwiniyo anamasulira mundawo kukhala dziko, ndi okololawo kukhala angelo. (Mateyu 13:24-30, 36-43) Chotero, mpingo ungachotse wosalapa pakati pake, koma palibe munthu amene anapatsidwa ntchito ya kuchotsa olambira molakwa m'dziko. Ntchito imeneyo njanthaŵi ya zotuta, ndipo okolola ake sali oweruza aumunthu.

Malemba enanso amagwirizana ndi zimenezi. Pamene mudzi wa Asamariya unakana kulandira Yesu, Yakobo ndi Yohane anafuna kuitanitsa moto kumwamba, koma Yesu anawadzudzula, ndipo anangopita kumudzi wina. (Luka 9:52-56) Mtumwi Paulo anafotokoza kuti zida za nkhondo ya Mkristu sizili zakuthupi. (2 Akorinto 10:4) Williams anaona kuti lupanga lingachititse mtundu wonse kugwada, koma zimene limabala ndizo onyenga, pakuti silingafike pamtima.

Kodi zimenezi zinatanthauza kuti aliyense angachite zimene afuna? Kutalitali. Pamene ena mu Providence anayamba kukana ulamuliro uliwonse, Williams anawalembera kalata mu 1655 napereka fanizo la chombo. Akatolika, Aprotesitanti, Ayuda ndi Asilamu angakwere chombo chimodzi. Woyendetsa chombo sayenera kuumiriza aliyense kufika pamapemphero a m'chombomo, kapena kumletsa kuchita mapemphero akeake. Komabe, iye ali ndi mphamvu ya kuwongolera ulendo, kusungitsa mtendere ndi kulanga wopanduka. Motero Kaisara amalandira zake, ndipo Mulungu amalandira zake.—Marko 12:17, Aroma 13:1-7.

Chiyeso Chenicheni

Nkosavuta kufunira ufulu anthu amene munthu amagwirizana nawo. Chiyeso cha Williams chinadza ndi a Quaker, amene ziphunzitso zawo anaziona kukhala zolakwa kotheratu. Mu 1657, madera oyandikana nawo anapempha Rhode Island kupitikitsa a Quaker, koma olamulira ake anakana. Ku Boston, a Quaker anayi ananyongedwa pakati pa 1659 ndi 1661, kuphatikizapo mkazi wotchedwa Mary Dyer. Ku Rhode Island iwo anakhala mwamtendere nachuluka.

Komabe Williams sanawaleke osawatsutsa. Mu 1672, ali ndi zaka pafupifupi 70, anapalasa bwato mtunda wa makilomita ngati 50 kuchokera ku Providence kumka ku Newport, kumene anatsutsana nawo poyera kwa masiku atatu. Mawu ake anali akuthwa, koma sanapemphe konse kuti boma liwatseke pakamwa.

Iye analinso ndi zolakwa zake. Pankhondo ya pakati pa atsamunda ndi Aindiya mu 1675 ndi 1676, mudzi wa Providence unatenthedwa, ndi nyumba yake yomwe. Pambuyo pake Williams anali mmodzi wa amuna amene analinganiza zogulitsa akaidi achiindiya kuti akagwire ntchito yaukapolo. Chimenechi nchikumbutso chakuti ngakhale munthu wozindikira choonadi china bwino lomwe sali woyenera kutsatiridwa m'zonse.—Salmo 146:3.

Chiyambukiro Chake pa Mtunduwo

Williams anamwalira mu 1683. Panthaŵiyo chikalata cha Mfumu Charles II cha mu 1663 chinali chitatsimikizira kale kuti palibe munthu mu Rhode Island amene akavutitsidwa kaamba ka malingaliro ake achipembedzo. Mabuku a Williams anaiŵalika kwa nthaŵi yaitali, kufikira mlaliki wa Baptist wotchedwa Isaac Backus anawakumbutsanso anthu m'ma 1770 pomenyana ndi msonkho wa tchalitchi. Mu 1791, malamulo aakulu a United States anawonjezeredwa mfundo yoletsa boma lalikulu kukhazikitsa chipembedzo cha dziko kapena kuletsa anthu kulambira mwaufulu. Massachusetts analeka kuchirikiza tchalitchi ndi msonkho mu 1833, ndipo mu 1936 anafafaniza lamulo limene linapitikitsa Williams.

Kodi Mkristu angaphunzirenji? Chiyeso cha kuumiriza ena chingabuke m'banja, pasukulu kapena m'mudzi, kulikonse kumene a chipembedzo chimodzi ali ochuluka ndipo ali ndi mphamvu. Mwamuna angawopseze mkazi wake kuti alambire monga iye. Wolemba ntchito angamane malo munthu wa chikhulupiriro china. Koma pamene ophunzira ambiri anamsiya, Yesu sanawathamangire ndi ziwopsezo. Anangofunsa atumwi ake ngati nawonso anafuna kuchoka. (Yohane 6:66-68) Mtumiki wa Mulungu amalangizidwa kuphunzitsa otsutsa mofatsa ndi kuyankha mwaulemu onse ofunsa za chiyembekezo chake. (2 Timoteo 2:24, 25; 1 Petro 3:15) Iye amagwiritsa zolimba zimene akhulupirira, amazifotokoza mopanda mantha, ndiyeno amasiyira womvayo chosankha, pakuti Mulungu amafuna olambira amene amadza kwa iye ndi mtima wofunitsitsa.—Yohane 4:23, 24.