Kodi Wokanidwa Ayenera Kulipidwa?

Mafilimu oyambirira opanda mawu, osimba za moyo wa kuzambwe kwa America, ankakonda nkhani ya amuna awiri ofunsira mkazi mmodzi. Mu The Last Drop of Water, filimu ya D. W. Griffith ya 1911, Mary akukana Jim n'kukwatiwa ndi John, chidakwa. Madzi atatha m'chipululu, John akupatsa Jim dontho lotsiriza, iye n'kufa, ndipo wokanidwa uja akupulumuka. M'buku la Ramona la Helen Hunt Jackson la 1884, lomwe Griffith analisandutsa filimu mu 1910, Felipe akukwatira Ramona pambuyo poti Alessandro, mwamuna wa kumtima kwake, waphedwa. Nkhani zoterezi zimaphunzitsa mwakachetechete kuti wokonda mopirira ali ndi malipiro ake, ndipo imfa ya mnzake ndiyo imamubweretsera. Chiphunzitsochi n'cholakwika. Chikondi si ngongole, ndipo mkazi si mphotho ya khalidwe labwino. Ngati kupirira kwa wokanidwa kukudikira maliro a wopikisana naye, kwasanduka malonda.

Wina anganene kuti filimu ya mphindi zosakwana 20, yopanda mawu, inkafunika mathero omveka msanga, komanso kuti mtima wa munthu umalakalaka kuona wolungama akusangalala. Zonsezi n'zoona, koma tifunse kuti amene amalipira chisangalalocho ndani. Mu The Squaw Man ya 1914, ya Cecil B. DeMille ndi Oscar Apfel, Nat-u-ritch, mkazi wa mtundu wa eni nthaka, akupulumutsa moyo wa Jim wina, kukwatiwa naye ndi kumuberekera mwana, chonsecho mtima wa Jim uli kwa Diana wa ku England. Pamapeto Nat-u-ritch akudzipha. Chilungamo chimene chimafuna manda a munthu wosalakwa kuti ena apeze mtendere sichiyenera dzinalo.

Malemba amalimba mtima kuposa mafilimuwa. Buku la Genesis silibisa kuti Yakobo anakonda Rakele kuposa Leya, ndipo silinena kuti imfa ya Rakele inasamutsira chikondicho kwa mkulu wake. Komabe Levi ndi Yuda anabadwa mwa Leya, ndipo unsembe wa Israyeli ndi ufumu wa Davide zinachokera kwa mkazi wosakondedwayo. Ulemu wake sunadalire kusankhidwa ndi mwamuna. Wokanidwa sanaberedwe kanthu, pakuti mtima wa mnzake sunali wake. Chimene ali nacho ndi ufulu wofunira zabwino amene wamukana, pamodzi ndi amene wasankhidwa, onse akadali moyo. Ukoma umenewu ndi wovuta kuposa kudikira imfa ya mnzako, chifukwa palibe amene adzakulipire.