KODI M'KHUNGU LA MUNTHU MULI MPHAMVU?

Pali nzeru zina zimene munthu azipeza pakupenya cilengedwe, monga mlimi adziwa nyengo yakubzala. Koma palinso nzeru zimene munthu azipeka m'mutu mwace, nazibveka cobvala ca coonadi, kuti akhalire nazo pamwamba pa mnzace. Imodzi ya nzeru zopeka zotere ndiyo yakuti maonekedwe a khungu alozera munthu malo ace, kuti woyera alamulire, wakuda atumikire. Tiyeni tiiyese nzeru imeneyi, pakuti inasautsa makolo athu, ndipo ikali kukhetsa mwazi pakati pathu ngakhale yabvala nsaru yina.

M'caka ca 1735 munthu wophunzira wa ku Sweden, dzina lace Carl Linnaeus, amene anagwira nchito yaikuru yakupatsa maina zomera ndi nyama, anagawanso anthu m'magulu anai monga mwa khungu lao: oyera a ku Ulaya, ofiira a ku America, oderako a ku Asia, ndi akuda a ku Africa. M'caka ca 1758 anaonjeza kuti gulu liri lonse liri ndi mkhalidwe wace, nanena kuti Mzungu ayendera malamulo, koma wakuda alamulidwa ndi cifuniro cosinthasintha. Koma munthuyo sanaponde konse ku Africa. Sanakhalepo pa bwalo la mfumu kuti amve umo nduna ndi ankhoswe aweruzira mlandu. Anaweruza anthu amene sanawaone.

Ena anafuna mboni m'Buku Lopatulika, naphunzitsa kuti anthu akuda ali ana otembereredwa a Hamu. Tsegulani nokha Genesis 9. Mudzapeza kuti temberero la Nowa linagwera Kanani, ndi kuti za khungu sizichulidwa m'menemo konse. Werenganinso Numeri 12, pamene Miriamu ndi Aroni ananena Mose cifukwa ca mkazi wace Mkusi. Amene analangidwa tsiku lija ndiye Miriamu, si mkaziyo iai.

Nzeru yopekayi inasanduka lamulo. Ku South Africa lamulo la migodi la 1911 linatsegula njira yakusungira Azungu nchito zaluso, kotero kuti makolo athu opita ku Joni ndi Wenela anangokumba ndi kusenza, angakhale anaidziwa nchito koposa wowayang'anira. M'caka ca 1950 boma lija linalamula kuti munthu ali yense alembedwe monga mwa mtundu wace. Ndipo pamene khungu linawasokoneza, nthawi zina anasomeka pensulo m'tsitsi la munthu kuti aone ngati igwa. Kutsidya kwa malire athu, ku Mozambique, Apwitikizi anasunga lamulo lace lapadera la anthu akuda, ndi cibalo cace, kufikira 1961. Kuno kwathu kunali thangata pa minda ya Azungu, ndipo ndilo limodzi la madandaulo amene anautsa John Chilembwe wa ku Chiradzulu m'Januwale 1915.

Tsono tifunse. Mphamvu ikadakhala m'khungu, kukadafunikiranji lamulo, citupa, ndende ndi mfuti kuti ziicirikize? Palibe lamulo limene liuza madzi a Lisungwi kuti atsikire ku Shire. Angotsika okha, pakuti ndico cilengedwe cao. Cinthu cimene cifuna asilikari kuti ciime, cimeneco camangidwa ndi anthu, ndipo anthu akhoza kucipasula. Cinapasukadi: dziko lathu linalandira ufulu m'caka ca 1964, Mozambique 1975, ndipo m'caka ca 1994 Nelson Mandela anasankhidwa kutsogolera South Africa. Khungu la munthu silinasinthe m'zaka zimenezo. Cimene cinasintha ndi lamulo.

Nanga kuda ndi kuyera ncianidi? Madotolo atiuza kuti m'khungu muli utoto wochedwa melanini, umene uchinjiriza thupi ku ukali wa dzuwa. Ucuruka mwa iwo amene makolo ao anakhala nthawi yaitali ku maiko otentha, nucepa mwa iwo a ku maiko a dzuwa locepa. Nchito yace ndi yomweyo basi. Suonjeza nzeru, sucotsa ulemu. Ku cipatala, mwazi wa munthu wakuda upulumutsa Mzungu, ndi wa Mzungu upulumutsa wakuda, malinga gulu la mwaziwo ligwirizane.

Ife a ku Luwani tiri ndi mboni pakhomo. Nkhondo ya Frelimo ndi Renamo, ya 1977 kufikira 1992, inathamangitsira abale athu a ku Mozambique kudzakhala pa msasa wa kuno. Msasawo unatsekedwa m'caka ca 2007, nutsegulidwanso 2016 pamene ena a ku Tete anathawa kudzera ku Kapise. Wotentha nyumba, wothawa ndi mwana kumbuyo, ndi womlandira ndi nsima, onse atatu khungu lao linali limodzi. Cifukwa cace nkhanza ndi cifundo zituruka mumtima, ndipo khungu silidziwa kanthu za izo.

Koma tisaloze Azungu okha cala, pakuti nzeru yomweyo yamera m'midzi mwathu. Kuyambira 2014 dziko lathu lacititsidwa manyazi ndi mbiri ya abale athu acialubino, ena kuphedwa, ena kudulidwa ziwalo, ena kufukulidwa m'manda, cifukwa ca bodza lakuti mafupa ao apatsa cuma ndi mwai. Kodi bodza ili lisiyana bwanji ndi lija? Onse awiri apenya khungu, naiwala munthu. Mwana wacialubino abadwa pamene atate ndi amai onse awiri ali nayo mbeu yace m'thupi, ngakhale iwo eni ali akuda. Thupi lace silipanga melanini wokwanira, ndipo palibe cina. Mafupa ace ali monga anu ndi anga. Cimene asowa ndico cipewa, malaya a manja atali, mafuta omchinjiriza ku dzuwa, ndi mpando wa patsogolo m'sukulu popeza maso ace saona patali. Akapatsidwa izi akula nagwira nchito monga ena: m'caka ca 2021 anthu a ku Nkhotakota anasankha Overstone Kondowe, munthu wacialubino, kukawaimira ku Nyumba ya Malamulo.

Akale anati, cikomekome ca nkhuyu, m'kati muli nyerere. Anadziwa kuti maso anyenga. Cifukwa cace, inu mafumu, musalole sing'anga wofuna ziwalo za munthu akhale m'mudzi mwanu. Inu akuru a mpingo ndi aphunzitsi, dzudzulani mwana wochula mnzace dzina lacipongwe. Inu ana athu akazi, musapsereze nkhope zanu ndi mafuta oyeretsa, monga ngati kuda kuli cirema. Ndipo pamene musankha munthu wakumpatsa mpando, kapena wa mudzi kapena wa mpingo, funsani za nchito zace ndi cilungamo cace, pakuti izo ndizo zidzakusungani inu ndi ana anu.