Imvani, inu a ku Malambo

Imvani, inu a kwa Jumbe ndi kwa Mnkhanya, a kwa Kakumbi ndi kwa Nsefu, a kwa Msoro ndi kwa Malama. Munalirira tala, tala anabwera, ndipo magalimoto tsopano akuthamanga kuchokera ku Chipata mpaka ku Mfuwe. Nanga magazi akatayika pa msewu umenewu, mwana wa malemu mumampatsa chiyani?

Mwini kanta amafika pa maliro nkhope ili yakugwa, atanyamula bokosi, matumba awiri a ufa ndi kabichi. Akuluakulu amamutengera kuseri kwa nyumba, kumene mayi wofedwa saitanidwa, ndipo pobwerako amati nkhani yatha pachibale. Ufawo umatha tsiku lometa lisanafike. Mwana amasiya sukulu teremu yotsatira.

Tsoka kwa inu eni magalimoto, amene mumapakira anthu pamwamba pa mabelo a thonje mabuleki ali akutha! Lamulo la pamsewu la 2002, lomwe linakhazikitsa bungwe la RTSA, limafuna kuti galimoto iliyonse, ndi njinga yamoto yomwe, ikhale ndi inshuwalansi yolipira anthu amene yawavulaza kapena kuwapha. Inu mumaigula kuti muonetse wapolisi pa rodibuloko, ikatha mumayendabe. Anthu oposa 2,000 amafera pa misewu ya Zambia chaka ndi chaka, ndipo ambiri amasiya ana amene ankadyera m'manja mwawo.

Chipukuta misozi si chifundo cha mwini galimoto, ndi ngongole. Lamulo lochokera ku England la 1846, limene makhoti a Zambia akuligwiritsabe ntchito, limapatsa mkazi kapena mwamuna wa malemu, ana ake ndi makolo ake mphamvu yoimba mlandu amene anamupha mosasamala. Khoti limayang'ana msinkhu wa womwalirayo, zimene ankapeza, ndi zaka zimene akanadyetsabe banja lake. Woperekeza alendo mu paki ya South Luangwa ali ndi mtengo wake pamaso pa lamulo, mlimi wa thonje wa kwa Msoro nayenso, ndi mayi wogulitsa tomato pa Cropping chimodzimodzi. Koma khomo limeneli limatsekeka pakapita zaka 3. Ndani anaimirirapo pa siwa kunena zimenezi? Inu alaliki, mumadziwa kulengeza amene wapereka chipepeso ndi kuchuluka kwake, kenako mumati inali nthawi yake. Amene anaika matayala akutha ku galimoto ija si Mulungu. Ndipo dalaivala akalipitsidwa faindi kukhoti musati mlandu watha: ndalama imeneyo ndi ya boma, siifika m'mbale ya mwana.

Inu a makampani a inshuwalansi, pogulitsa mumamwetulira, polipira mumafuna lipoti la apolisi, chikalata cha imfa, kalata ya adiministireta, ndipo pepala lililonse lili ku ofesi yake. Mayi wa kwa Malama nthawi ya dzinja, mitsinje itadzaza, adzapita kangati ku Chipata, ulendo wa makilomita oposa 100, kukamva kuti abwerenso mawa? Mumadziwa kuti adzatopa. Bungwe la PIA, loyang'anira makampani a inshuwalansi, lilipo kuti limve madandaulo otere, koma m'midzi dzina lake silinamvekepo.

Ndipo inu atsibweni, musaweramitse mutu ngati sindikunena inu. Mumathamangira ku khoti kukatenga kalata ya adiministireta dothi la pamanda lisanaume. Ndalama zikatuluka, malata atsopano amaoneka pa nyumba yanu, ana a malemu ali kuthamangitsa njovu m'munda usiku. Lamulo la chuma cha masiye la 1989 linagawa kale chuma cha womwalira osasiya wilo: pa 100 iliyonse, 50 ndi ya ana, 20 ya mkazi kapena mwamuna, 20 ya makolo, 10 ya ena amene ankadalira malemu. Adiministireta ndi wosunga chabe, ndipo wolanda chuma, malo ake ndi ku Victim Support Unit ya apolisi.

Mafumu, lamulani manduna anu kuti pasakhale banja losaina pepala lililonse misozi ikadali m'maso, ndipo nambala ya galimoto ndi dzina la kampani ya inshuwalansi zilembedwe tsiku la ngozi.

Inu a boma, njira ya ku Malambo mumaidziwa. Njovu ikaphedwa, asilikali a zanyama amanyamuka pa Chinzombo osadikira kalata ya munthu, ndipo wopezeka ndi minyanga amapita kundende zaka zosachepera 5. Munthu akaphedwa pa msewu, mkazi wake amagulitsa mbuzi kuti apeze ya basi yokafunira loya. Tumizani maloya a Legal Aid Board azikhala pa boma la Mambwe masiku odziwika, ndipo wapolisi wolemba lipoti la ngozi azilipereka kwa ofedwa iye mwini, atawauza za zaka 3 zija.