Phunziro 9: Ndani Anapatsa Chibakuwa Ulemu Wake?

SABATA MASANA

M'chaka cha 2009 mlembi wa ku Britain, Jasper Fforde, anatulutsa buku la nthano lotchedwa Shades of Grey. M'dziko lopeka la m'bukumo maso a anthu saona mitundu yonse ya zinthu monga aonera athu, ndipo mtundu umene munthu amauona bwino ndiwo umampatsa malo pakati pa anzake. Oona chibakuwa ali pamwamba. Oona zofiira ali m'munsi ndithu, koma pansi pa onse pali Otuwa, amene ntchito zonse za thukuta zili pa iwo. Munthu akakwana zaka 20 amayesedwa maso, ndipo zotsatira za tsiku limodzi lomwelo zimagamula ntchito yake ndi ukwati wake. Wofiira saloledwa kukwatirana ndi wobiriwira. Malamulo onsewa akuti anawapereka ndi Munsell, amene anthu amamlemekeza ngati mneneri, ndipo palibe wofunsa chifukwa chake, ngakhale pa lamulo loletsa kupanga masipuni.

Munsell weniweni, Albert Munsell, anali mphunzitsi wa zojambulajambula ku America, amene mu 1905 anafalitsa njira yosanjira mitundu ya utoto. Zosanja anthu sanali nazo ntchito. Mlembi wa nthanoyi waona bwino khalidwe lathu: timatenga muyeso wa zinthu ndi kuyamba kuyesera nawo anthu, kenaka nkuutcha wopatulika. M'chinenero chathu liwu loti "mtundu" limanena za maonekedwe a nsalu komanso za fuko la munthu, kotero nthanoyi siyenera kutidabwitsa kwambiri.

LAMULUNGU: Utoto wa Mafumu

Werengani Danieli 5:7, 16, 17, 29, 30.

Chimene chili nthano m'buku lija chinakhalapo lamulo m'dziko lenileni. Utoto wa chibakuwa unkapangidwa ku Turo ndi ku Sidoni kuchokera ku nkhono za m'nyanja. Nkhono imodzi inkatulutsa kadontho chabe. Mu 1909 katswiri wina, Paul Friedländer, anayesa ntchitoyi ndipo pa nkhono 12,000 anapeza magalamu 1.4 okha a utoto. Pamene mfumu ya Roma, Diocletian, inaika mitengo ya katundu m'chaka cha 301, paundi imodzi ya silika wonyikidwa m'chibakuwa inali pa madinari 150,000, pamene waganyu wa kumunda ankalandira madinari 25 patsiku. Waganyuyo akanagwira ntchito masiku 6,000, osadyako kalikonse, kuti agule paundi imodziyo. Poona kuti mtengo wokha sukukwanira kutsekereza anthu, mafumu ena, monga Nero, anachita kuletsa ndi lamulo.

Ichi ndicho chovala chimene Belisazara analonjeza kwa womasulira malemba a pakhoma, pamodzi ndi unyolo wagolide ndi malo achitatu mu ufumu. Danieli anakana mphatsozo asanayambe nkomwe kumasulira. Anamvekabe chovalacho, koma usiku womwewo, m'chaka cha 539 Khristu asanabadwe, mfumu inaphedwa ndipo Babulo unagwa. Udindo umene chibakuwacho chinkaimira sunafike m'bandakucha.

Nchifukwa ninji Danieli anakana mphoto asanalankhule? Kodi uthenga wake ukanamveka chimodzimodzi akanayamba walandira?

LOLEMBA: Thonje Lamadzi pa Chovala cha Aliyense

Werengani Eksodo 28:4-6 ndi Numeri 15:37-41.

Pano tiyenera kusamala, pakuti Baibulo silidana ndi mitundu yokongola. Mulungu mwini ndiye analamula kuti zovala za mkulu wa ansembe ziombedwe ndi thonje lamadzi, la chibakuwa ndi lofiira. Koma taonani chimene anachita pa Numeri 15. Mwana wa Israeli aliyense, wosauka ndi wolemera yemwe, anauzidwa kuika thonje lamadzi pa mphonje za chovala chake. Akatswiri ambiri amati utoto umenewu unkachokera ku nkhono za banja lomwe lija la chibakuwa. Ndiye kuti mbusa wa nkhosa ankayenda ndi kachidutswa ka mtundu umene unali pa chovala cha wansembe. Ntchito ya thonjelo sinali kuuza ena kuti wovalayo ndi wamkulu. Inali kukumbutsa mwini wakeyo malamulo a Yehova. Maufumu anagwiritsa mtundu kusiyanitsa anthu, koma ku Israeli mtundu unawaika onse pansi pa pangano limodzi.

LACHIWIRI: M'bwalo la Pilato

Werengani Marko 15:16-20.

Kamodzi kokha timawerenga kuti Yesu anavala chibakuwa, ndipo omuvekawo anali asilikali omuseka. Mateyu 27:28 akuti chovalacho chinali chofiira. Nkutheka kuti chinali chofunda chakale cha msilikali, chimene anachiona kuti chikufanako ndi cha mfumu. Asilikaliwo ankadziwa bwino nzeru ya dziko lawo, yoti wovala chibakuwa amgwadire ndipo wopanda nacho amenyedwe. Tsiku limenelo anachita zonse ziwiri kwa Munthu mmodzi. Atatopa anamvula, nambwezera zovala zake. Ufumu wake sunaonjezeke pomveka nsaluyo, ndipo sunachepe pomvula. Ngati Mfumu ya mafumu inaima pamaso pawo osaizindikira, muyeso wawo wonse unali wabodza.

Mbiri inaonjezapo umboni wake. Mu 1856 mnyamata wa zaka 18 wa ku London, William Perkin, ankayesa kupanga kwinini, mankhwala a malungo. Analephera, koma m'zotsalira za phula la malasha anapeza utoto wa chibakuwa. Patangopita zaka zochepa, anthu wamba ankavala mtundu umene kale unali wa mafumu okha.

LACHITATU: Mipando ya Kutsogolo

Werengani Yakobo 2:1-9 ndi Machitidwe 16:13-15, 40.

Yakobo sanalembere akunja. Analembera mpingo umene unkapatsa malo abwino mlendo wa mphete yagolide, nkumuuza wosauka kuti aimirire kapena akhale pansi. Sakutcha zimenezi ulemu wolakwika chabe. Akuti ndi tchimo. Ndipo tivomereze kuti nthawi zambiri wolandira alendo pakhomo sachita kuganiza: maso amaona suti, mapazi nkuyamba okha kulunjika kutsogolo.

Lidiya wa ku Tiyatira ankagulitsa chibakuwa, ndipo mtengo wake ankaudziwa kuposa wina aliyense mu Filipi. Paulo ndi Sila atatuluka m'ndende, ali ndi mabala a zikoti pamsana, analowa m'nyumba mwake, ndipo abale anasonkhana momwemo.

Kambiranani m'kalasi: Sabata lapitali, ndani anakhala pa benchi la kumbuyo m'tchalitchi mwanu, ndipo anamuonetsa malowo ndani?