Khutu Ndi Mboni Yochedwa

Mwezi uno tipeke chiphunzitso chimene sichinalembedwe m'buku la wanzeru ali yense, kuti tione kumene chingatifikitse. Tiyerekeze kuti mphunzitsi wachilendo wafika m'mudzi, nakhala pabwalo, nati: "Nthawi ibadwira m'khutu. Kanthu kachitika pamene kamveka, ndipo chimene chayamba kumveka ndicho kholo la chimene chitsata." Mau otere akoma, pakuti aoneka ozama, koma tiwagogode monga agogodera mphika asanaugule.

Munthu akamadula mtengo kutsidya kwa dambo, tiona nkhwangwa itagwa, ndipo kugunda kwake kutifika iye alinkuikweza kachiwiri. Momwemonso mphezi: ing'anima, bingu nilitsata pambuyo, chinkana zonse ziwiri zinabadwa pamodzi. Chifukwa chake nchakuti mau ayenda mumpweya mamita 343 pa sekondi, ndiko kunena kilomita imodzi pa masekondi 3, koma kuunika kuyenda makilomita 300,000 pa sekondi. Mbusa wina wa ku England, William Derham, ankakwera pa nsanja ya tchalitchi chake ku Upminster, napenya kung'anima kwa mfuti zoombedwa kutali, nawerenga nthawi kufikira kulira kwake kutamufika. Ndipo analengeza zimene anapeza m'chaka cha 1709. Ndiponso pamene phiri la Krakatoa, ku Indonesia, linaphulika m'chaka cha 1883, anthu a pa chisumbu cha Rodrigues, mtunda wa makilomita 4,800, anamva kugunda patapita maola 4, nayesa kuti ndi mizinga ya chombo. Pomwe iwo analinkufunsana, mafunde anali atakokolola kale midzi ya m'mphepete mwa nyanja ku Java ndi Sumatra. Chotero nthawi siibadwira m'khutu ai. Khutu ndi mthenga wa miyendo yolemera.

Nanga mbali yachiwiri ija, yakuti choyamba kumveka ndicho kholo? Tambala alira, dzuwa nilituluka. Kodi tikadya tambala pa Khrisimasi kunja sikucha? David Hume wa ku Scotland anaonetsa m'buku lake la 1739 kuti maso athu aona chinthu china chikutsata chinzake, koma chingwe chozimanga sachiona. Mtima ndiwo uzolowera, numanga wokha.

Mwina mwaseka mphunzitsi wathu wopeka uja. Musafulumire, pakuti ali nao ophunzira ambiri pakati pathu, ena a iwo obatizidwa. Kadzidzi akalira pa denga usiku, ndipo mawa lake kumveka maliro, timati mbalame ija inadza ndi imfa, osawerenga mausiku ochuluka amene inalira mudzi nukhala wamoyo. Zimenezo nzazing'ono, popeza kadzidzi auluka nathawa. Chachikulu ndi ichi: amai awiri akangana pachitsime, wamkulu nati, "Uona!" Mawa lake mwana wa mnzake atentha thupi, ndipo patapita masiku atatu amwalira. Mudzi wonse unamva mau aja. Mudzi wonse uona manda. Pamenepo palibenso afunsa, nkhalamba ija aitcha mfiti, ena naitenthera nyumba, naipitikitsa pamudzi pamene inabalira ana. Boma linaletsa mwavi ndi kutchulana ufiti m'chaka cha 1911, koma mwavi wa pakamwa ukali kumwedwa.

Tsono tiwerenge masiku monga anawerengera Derham. Ronald Ross anapeza ku India m'chaka cha 1897 kuti tizilombo ta malungo tikhala m'mimba mwa udzudzu, ndipo lero tidziwa kuti munthu akalumidwa, nthenda ionekera kawirikawiri patapita masiku 10 kufikira 15. Chotero pamene nkhalamba inatsegula pakamwa pachitsime paja, tizilombo tinali titakhala kale m'thupi la mwanayo sabata yathunthu ndi masiku ena. Mau amene tiwayesa chiyambi anadza pambuyo pa chiyambi chenicheni. Ndipo chiyambicho chinalowa m'nyumba usiku, onse ali m'tulo, wopanda mboni. Kutentha thupi kuja kuli ngati bingu: mphezi yake inang'anima kale, ife tisanayang'ane.

Wina adzati, "Kodi mau alibe mphamvu?" Ali nayo ndithu. Belu liitana anthu ku mapemphero, mjedo upasula banja, ndipo mau oopsa akhoza kusowetsa mai tulo mwezi wonse. Koma njira yao ioneka: alowa m'khutu, nafika mumtima. Sabala tizilombo m'magazi. Amene anati "Uona" anachimwa, ndipo ayenera kudzudzulidwa pamaso pa akulu a mpingo. Koma mlandu wake ndi wa mkwiyo, si wa kupha. Tikamsenzetsa wa kupha, ife tomwe taswa lamulo loletsa umboni wonama, chinkana tanena zoona zokhazokha za chimene tinamva.

Tipempha akulu a mpingo ndi mafumu kuti nkhani yotere ikawafika, afunse poyamba kuti mwanayo anagona kuti masabata awiri apitawo, ndipo ngati munali neti. Ndipo mwana akakhala akali moyo, bwalo liyambe laima, abale amnyamule kunka naye kuchipatala, kumene dontho limodzi la magazi a pa chala liyankha pasanathe theka la ola.